Mnyamata Amene Adapezanso Mau: Ntchito ya Gaston Kaboré

Mau oyamba

M'chaka cha 1982, m'dziko limene masiku amenewo linkatchedwa Upper Volta, koma lero limatchedwa Burkina Faso, mudatuluka kanema wosafika ndi ola limodzi ndi theka lomwe, wosimba za mnyamata wosalankhula. Dzina la kanemayo ndi Wend Kuuni, mau a chinenero cha Mooré otanthauza kuti mphatso ya Mulungu. Mwini wake adali a Gaston Kaboré, munthu wa zaka 31 amene adayamba waphunzira mbiri yakale asanagwirepo kamera. Kuchokera pamenepo dzina lawo lidamveka m'Afrika ndi kunja komwe, ndipo amawerengedwa pakati pa akuluakulu a ntchito yopanga makanema.

M'nkhani ino tifuna kutsata ntchito ya munthu ameneyu tili ndi funso limodzi mumtima: kodi munthu wofuna kusunga chikhalidwe cha makolo ake achite nacho chiyani? Ena amachitamanda osapezamo chilema, ena amachinyoza osapezamo chabwino. A Kaboré adatsata njira ina. Iwo adaona kuti mtundu wa anthu umene mbiri yake yakhala ikusimbidwa ndi alendo uli ngati mwana wotsekeka pakamwa, ndipo kuti mwana wotereyo tsiku limene adzayambe kulankhula adzanena zonse, zokoma ndi zowawa zomwe. Ntchito yawo yonse idakhala yomtsegula pakamwa mwana ameneyo ndi kumumvera mpaka atatsiriza.

Afrika pa chinsalu cha alendo

Kuti timvetse ntchito imeneyi, tiyenera kuyamba takumbukira m'mene zinthu zidaliri kale. Kanema adafika m'Afrika pamodzi ndi atsamunda, ndipo kwa zaka zambiri munthu wakuda ankaoneka pa chinsalu koma sankaima kumbuyo kwa kamera. M'maiko olamulidwa ndi France mudali lamulo la 1934, lodziwika ndi dzina la nduna Pierre Laval, lonena kuti wofuna kujambula kanema m'maikomo ayambe wapempha chilolezo kwa akuluakulu a boma, ataonetsa zimene afuna kujambulazo. Nchifukwa chake pamene Paulin Soumanou Vieyra ndi anzake adafuna kupanga kanema wawo, adakamjambulira ku Paris. Kanemayo ndi Afrique sur Seine wa 1955.

Kuno kwathu, pansi pa ulamuliro wa Angerezi, njira idali ina koma mtima udali womwewo. Pakati pa 1935 ndi 1937 gulu la Bantu Educational Kinema Experiment lidajambula makanema ku Tanganyika nkumakawaonetsa m'maiko oyandikana nawo, kuphatikizapo Nyasaland ndi Northern Rhodesia. Kuyambira 1948 mpaka 1963 ntchito yofanana nayo idali m'manja mwa Central African Film Unit ya ku Salisbury. Makanemawa ankaphunzitsa ulimi, ukhondo ndi kasungidwe ka ndalama, ndipo zina mwa zimenezi zidali zothandiza ndithu. Komabe kawirikawiri nkhani yake inkakhala ya anthu awiri, wanzeru amene wamvera mlangizi wa boma ndi wopusa amene waumirira zakale. Mudzi unkaoneka ngati malo oyembekeza kuphunzitsidwa, osati malo okhala ndi nzeru zakezake.

Upper Volta idalandira ufulu pa 5 Ogasiti 1960. Patangopita zaka 3, Ousmane Sembène wa ku Senegal adatulutsa Borom Sarret, ndipo mu 1966 adatulutsa La Noire de..., makanema amene adatsegula njira. Mu 1969 mumzinda wa Ouagadougou mudachitika chionetsero cha makanema a m'Afrika chimene chidakula nkukhala FESPACO. Mu 1970 boma la Sangoulé Lamizana lidalanda nyumba zoonetsera kanema m'manja mwa makampani awiri a Afalansa atasemphana pa za mitengo ya matikiti, ndipo gawo la ndalama zopezeka m'nyumbazo lidayamba kuthandiza kupanga makanema a m'dziko momwemo. Kuyambira 1972 FESPACO idayamba kupereka mphotho yake yaikulu, Étalon de Yennenga, ndiye kuti hatchi yaimuna ya Yennenga. Dzinali likumbutsa mwana wamkazi wa mfumu amene anthu a mtundu wa Mossi amati ndiye mai wa kholo lawo Ouédraogo. Motero dziko losauka, lopanda doko, lidasanduka bwalo lokumanirana opanga makanema a m'Afrika yense.

Wophunzira mbiri agwira kamera

A Gaston Kaboré adabadwira ku Bobo-Dioulasso mu 1951 nakulira ku Ouagadougou. Adayamba maphunziro a mbiri yakale kwawo komweko, kenaka adakapitiriza ku Sorbonne mumzinda wa Paris. Zidali zaka za mkangano waukulu pakati pa ophunzira. Mu 1963 mphunzitsi wotchuka wa ku Oxford, Hugh Trevor-Roper, adali atanena poyera kuti Afrika alibe mbiri yoti nkuphunzitsa kupatula ya Azungu amene adakhalamo. Oyankha adatuluka ambiri, ndipo mmodzi mwa iwo adali wa ku Upper Volta komweko, Joseph Ki-Zerbo, mwana wa Alfred Diban amene amakumbukidwa ngati mkhristu woyamba wa m'dzikomo. Buku lake la Histoire de l'Afrique noire lidatuluka mu 1972, ndipo ndi iye amene adakonza gawo loyamba la mbiri ya Afrika yolembedwa pansi pa UNESCO. Akatswiri ameneŵa adaumirira kuti zosimba za pakamwa, maina a mafumu, nyimbo ndi miyambi ndi umboni weniweni wa mbiri.

M'kafukufuku wawo a Kaboré adayang'ana m'mene nyuzipepala za zithunzi za ku France zinkamjambulira munthu wakuda m'zaka zotsiriza za m'ma 1800, nthawi imene maiko a ku Ulaya ankagawana Afrika. Adazindikira kuti maganizo onyoza amene adali m'zithunzi zakalezo sadafe, koma adangosamukira m'makanema ofotokoza za Afrika amene ankaonetsedwa m'masiku awo. Pofuna kumvetsa m'mene chithunzi chimanamizira, adalowa sukulu ya zamakanema ya ESEC ku Paris komweko, natsiriza mu 1976. Poyamba ankaganiza kuti kamera idzangokhala chida chophunzitsira mbiri. Koma pang'onopang'ono adaona kuti buku la Chifalansa lifikira anthu owerengeka, pamene kanema wolankhula Mooré amveka kwa mlimi ndi kwa mai wa pamtondo.

Atabwerera kwawo adapatsidwa udindo wotsogolera likulu la boma loona za makanema, ndiponso adaphunzitsa pa sukulu ya INAFEC imene idatsegulidwa ku Ouagadougou mu 1976. Pa sukulu imeneyi padaphunzira achinyamata amene pambuyo pake adatchuka, monga Idrissa Ouédraogo, Dani Kouyaté ndi Fanta Régina Nacro. Tikuona tsono kuti asanapange kanema wawo woyamba wamtali, a Kaboré adali kale mphunzitsi ndi woyendetsa ntchito, ndipo mbali imeneyi sadaisiye.

Wend Kuuni

Nkhani ya Wend Kuuni ichitika m'dziko la Amossi, Azungu asanafike. Kumbukirani kuti asilikali a France adalowa mu Ouagadougou mu 1896. A Kaboré adasankha dala nthawi ya m'mbuyo mwa chaka chimenecho. M'kanema yense mulibe Mzungu, mulibe sukulu, mulibe galimoto. Muli anthu olima mapira, oomba nsalu, ochita malonda pamsika, okhala ndi mfumu ndi malamulo awo. Limeneli ndilo lidali yankho lawo loyamba kwa amene ankati Afrika alibe mbiri: sadatsutsane nawo, adangoonetsa dziko lathunthu limene silidasowe mlendo kuti likhale dziko.

Wamalonda wina woyendayenda apeza mnyamata ali thapsa m'thengo, atalefuka ndi ludzu. Ampatsa madzi, namtengera kumudzi wapafupi, kumene Tinga, mmisiri woomba nsalu, ndi mkazi wake Lale amlandira. Mnyamatayo salankhula. Mfumu itumiza amithenga kukafunsa m'midzi ndi m'misika, koma palibe amene amdziwa. Tsono banjalo limsunga ngati wawo, nkumutcha Wend Kuuni. Makolo athu adati mwana wa mnzako ngwako yemwe, ndipo apa tikuona mwambi umenewu ukuchitika pakati pa anthu akutali ndi ife. Mnyamata ayamba kuweta ziweto, ndipo mwana wamkazi wa m'banjamo, Pognere, amkonda ngati mlongo wake, namzembera ntchito zapakhomo kuti akacheze naye kubusa.

Tikadalekera pomwepa, kanemayu akadakhala nyimbo yotamanda mudzi basi. Koma m'mudzimo mubuka mkangano. Mtsikana wina, Timpoko, akana pamaso pa anthu mwamuna wake wokalamba, Bila, namchititsa manyazi. Usiku Wend Kuuni abwerera kubusa kukatenga mpeni umene adaiwala, ndipo apeza Bila atadzimangirira mumtengo. Mantha aja amtsegula pakamwa. Kutacha asimbira Pognere zonse. Bambo wake adali mlenje amene adapita kuthengo osabwerako. Akuluakulu adauza mai wake kuti akwatiwenso, iye nkukana. Pambuyo pake anthu adamutcha mfiti, adatentha nyumba yake, namthamangitsa pamodzi ndi mwana. Maiyo adafera patsinde pa mtengo m'thengo, ndipo mwanayo adathamanga mpaka adagwa.

Apa mpamene pagona nzeru ya kanemayu. Mudzi umene udalandira mwana wamasiye ndi mudzi umene udapirikitsa mai wake ndi midzi ya mtundu umodzi, yotsata mwambo umodzi. Chikhalidwe chimene chidapatsa mwanayo dzina lokoma chija ndicho chidamsandutsa wamasiye. Ndipo mau oyamba amene mwanayo adapeza adali onena za chosalungama chimene anthu ake adachita. Akazi awiri okana, mai wa mnyamatayo ndi Timpoko, ndiwo amanga chiyambi ndi mathero a nkhaniyi. A Kaboré sadaike mlendo woti adzaweruze mudziwo. Chiweruzo chidachokera m'kati, pakamwa pa mwana, pomvera mwana mnzake.

Kasimbidwe kake nako nkochokera m'nthano. Pali liwu la wosimba limene limalowa apa ndi apo monga achitira agogo pamoto madzulo, ndipo kamera siifulumira: imalola munthu kuyenda mtunda wake wonse, imalola moni kutha. Osewera ambiri sadali akatswiri. Mnyamatayo adali Serge Yanogo, ndipo Tinga adali Joseph Nikiema. Nyimbo za m'kanemayu adapeka ndi Bambo René Guirma, wansembe wa chipani cha Dominiko wa m'dziko lomwelo. Mu 1985 Wend Kuuni adalandira ku France mphotho ya César ya kanema wopambana wochokera m'maiko olankhula Chifalansa, ngakhale kuti anthu a m'kanemamo amalankhula Mooré.

Tisaganize kuti nkhani yothamangitsa akazi idatha ndi nthawi yakale. Mu Ouagadougou muli malo otchedwa Delwendé, amene kwa zaka zambiri adasamalidwa ndi masisitere a chipani cha White Sisters, kumene akazi mazanamazana opirikitsidwa m'midzi mwawo pa mlandu wa ufiti adapeza pogona. Idrissa Ouédraogo adabwereza nkhaniyi m'kanema wake Yaaba wa 1989, ndipo S. Pierre Yaméogo adaitenganso mu Delwende wa 2005. Ifenso amene tamvapo za nkhalamba zomenyedwa kapena kuphedwa m'midzi mwathu pa mlandu womwewu sitingaonere Wend Kuuni ngati nkhani ya eni ake.

Zan Boko

Pakati pa kanema woyamba ndi wachiwiri dziko lidasintha kwambiri. Thomas Sankara adatenga ulamuliro mu 1983, ndipo pa 4 Ogasiti 1984 adasintha dzina la dziko kukhala Burkina Faso. Boma lake lidalimbikitsa FESPACO ndi zachikhalidwe. Pa 15 Okutobala 1987 Sankara adaphedwa, Blaise Compaoré nkulowa m'malo mwake. Chaka chotsatira, mu 1988, a Kaboré adatulutsa Zan Boko.

Mau akuti zan boko atanthauza malo amene pakwiriridwa nsengwa ya mwana wobadwa kumene. Kwa Amossi malo amenewa amamanga munthu ku nthaka ya makolo ake, monga ife tinenera za kumene kudagwera mchombo wathu. Kanemayu ayamba ndi kubadwa kwa mwana m'banja la mlimi, amenenso dzina lake ndi Tinga. Kenaka mufika anthu oyeza malo, alemba manambala pa nyumba, ndipo mzinda uyamba kumeza mudzi. Anansi agulitsa malo awo mmodzimmodzi. Madzi amene kale ankatungidwa ulere ayamba kugulidwa. Pafupi ndi nyumba ya Tinga pamangidwa nyumba yosanja ya munthu wolemera, amene afuna malo a Tinga kuti akumbepo dziwe losambiramo. Tinga akana, pakuti kwa iye nthakayo si katundu wogulitsa. Wolemerayo agwiritsa ntchito abwenzi ake a m'boma.

Gawo lotsiriza lichitikira pa wailesi ya kanema. Mtolankhani wina, Yabre, aitana Tinga ku pulogalamu yokambirana za mavuto a m'mizinda imene ikuulutsidwa nthawi yomweyo. Akuluakulu atazindikira zimene zikunenedwa, alamula kuti pulogalamuyo idulidwe. Tikayika makanema awiriwa pamodzi, tiona kuti funso lake ndi limodzi. M'kanema woyamba mwana adatsekeka pakamwa chifukwa cha nkhanza za mudzi wakale. M'wachiwiri mlimi atsekedwa pakamwa ndi boma lamakono la anthu akuda anzake. A Kaboré sadalole kuti tinene kuti zoipa zonse zidadza ndi atsamunda, kapena kuti zonse zidatha ndi ufulu. Patapita zaka 10, pa 13 Disembala 1998, mtolankhani weniweni wa ku Burkina Faso, Norbert Zongo, adaphedwa akufufuza mlandu wokhudza anthu a pafupi ndi mtsogoleri wa dziko. Amene adaonera Zan Boko adadziwa kuti nkhani ya Yabre siidali yongopeka.

Rabi ndi Buud Yam

Mu 1992, chaka cha msonkhano waukulu wa zachilengedwe ku Rio de Janeiro, a Kaboré adapanga Rabi mothandizana ndi BBC. Ndi nkhani ya mwana wa mmisiri wosula zitsulo amene asunga kamba ngati chiweto chake, ndipo kudzera mwa kambayo ndi mwa nkhalamba ina ya m'mudzimo aphunzira kuti chamoyo sichisungidwa pochimanga. Mu 1995, pokumbukira zaka 100 chiyambire kanema, adali mmodzi mwa akatswiri pafupifupi 40 a m'maiko osiyanasiyana amene adapemphedwa kujambula kachigawo ka masekondi 52 ndi kamera yakale ya abale a Lumière. Chaka chomwecho adakhala m'gulu la oweruza pa chionetsero cha ku Cannes.

Mu 1997 adabwerera kwa mnyamata wawo uja. Mu Buud Yam, Wend Kuuni wakula, ndipo akuseweredwa ndi Serge Yanogo yemweyo, patapita zaka 15. M'chinenero cha Mooré buud ndi mtundu kapena fuko, makolo pamodzi ndi zidzukulu, ndipo yam ndi nzeru kapena mzimu. Mudzi umene udamlandira uja sudaiwale kuti iye ndi mwana wa mai wotchedwa mfiti. Mlongo wake atadwala matenda osadziwika, anthu ayamba kunong'onezana kuti tsoka labwera ndi mlendoyo. Iye anyamuka ulendo wautali kukafuna sing'anga amene angamchize, nadutsa m'nkhalango, m'mbali mwa mitsinje ndi m'chipululu, kukumana ndi anthu a zinenero ndi makhalidwe ena. Apa wophunzira mbiri uja aonetsa chinthu china chimene mabuku a atsamunda adabisa: Afrika wakale sadali midzi yotsekeka, koma dziko la misewu, misika ndi apaulendo. Kanemayu adalandira Étalon de Yennenga pa FESPACO ya 1997.

Sikuti onse adakondwera ndi njira imeneyi. Manthia Diawara, m'buku lake la 1992 lonena za makanema a m'Afrika, adaika Wend Kuuni m'gulu la makanema obwerera ku chitsime, pamodzi ndi Yeelen wa Souleymane Cissé wa ku Mali. Koma ena, makamaka achinyamata a m'mizinda, adatcha makanema a kumudzi otere makanema a zipanda. Ankati amakondweretsa Azungu opereka ndalama, amene amafuna kuona Afrika wa nyumba zaudzu ndi akazi osenza mitsuko, pamene Afrika weniweni ali m'mizinda yodzaza anthu. Dandaulo limeneli lili ndi choona chake, pakuti ndalama zambiri zopangira makanema m'maiko olankhula Chifalansa zinkachokeradi ku Ulaya, ndipo wopereka ndalama sasowa zokonda zake. Komabe sitiona kuti likuwagwira a Kaboré. Mudzi wawo si wokongoletsedwa: muli kudzimangirira, muli ukwati wokakamiza, muli kutentha nyumba ya mkazi wamasiye. Ndipo amene adapanga Wend Kuuni ndi yemweyo adapanga Zan Boko.

Womanga nkhokwe

Wina angadabwe kuti munthu wotchuka chotere adapanga makanema aatali owerengeka okha. Chifukwa chimodzi nchakuti zaka zawo zambiri adazipereka ku ntchito yothandiza anzawo. Kuyambira 1985 mpaka 1997 adali mlembi wamkulu wa FEPACI, chigwirizano cha opanga makanema a m'Afrika chimene chidakhazikitsidwa ku Tunis mu 1970. Zaka 12 zimenezi zidali za misonkhano, maulendo ndi kupempha maboma kuti aone kanema ngati chuma cha dziko. M'zaka zomwezo, mu 1989, ku Ouagadougou kudakhazikitsidwa nkhokwe yosungiramo makanema a m'Afrika, pakuti zidaoneka kuti makanema ambiri oyamba ankasungidwa ku Ulaya, ndipo ena ankaonongeka. Kufunika kwake ndi kufooka kwake zidaonekera pa 1 Seputembala 2009, pamene madzi osefukira adalowa mumzindawo naononga gawo la nkhokweyo. Chikumbukiro cha pa filimu nacho chimafa ngati palibe ochisamala.

Sukulu ya INAFEC idatsekedwa itangogwira ntchito zaka pafupifupi 10. Poona mpata umene udatsala, mu 2003 a Kaboré adakhazikitsa ku Ouagadougou malo ophunzitsira otchedwa Imagine, kumene achinyamata a m'maiko osiyanasiyana a m'Afrika adayamba kudzaphunzira kulemba nkhani za makanema, kujambula, kukonza mau ndi kulumikiza zithunzi. Maganizo ake ndi omwe aja a ku Paris: mtundu umene sudziona wokha pa chinsalu umayamba kudziona ndi maso a ena, ndipo kuti udzione wokha pafunika amisiri, zida ndi malo osungira. Mutu umodzi susenza denga. Kanema mmodzi wabwino sangabweze mau a anthu onse ngati palibe ena odzapanga wachiwiri ndi wachitatu.

Mau otsiriza

Tatsata ulendo wa munthu amene adayamba ndi kuyang'ana zithunzi zakale zonyoza anthu ake, natsiriza ndi kuphunzitsa achinyamata kujambula zawo. Pa ulendo wonsewo tapeza zinthu zitatu zimene sadazilekanitse. Choyamba, chikhalidwe chiyenera kusimbidwa ndi eni ake, m'chinenero chawo ndi m'kayendedwe kawo. Chachiwiri, wosimbayo asabise chilonda, pakuti chikondi chobisa chilonda chimasiya mai wa Wend Kuuni patsinde pa mtengo kachiwiri. Chachitatu, kukumbukira ndi ntchito yofuna nyumba, ndalama ndi ophunzira, osati mtima wabwino wokha.

Ambiri mwa ife tidabadwira m'midzi, tidaphunzira m'chinenero cha alendo, ndipo tidzabwerera kukagwira ntchito pakati pa anthu athu. Chiyeso chathu chili pawiri. Tikhoza kubwerera ngati mlangizi wa m'makanema a atsamunda aja, wodziwa zonse, amene kwa iye mudzi ndi kalasi chabe. Tikhozanso kubwerera ngati otamanda mwambo, amene pa msonkhano amalankhula zokoma za umunthu koma amakhala chete nkhalamba ikamatchedwa mfiti kuseri kwa nyumba yawo. M'kanema wa a Kaboré munthu amene adathandiza kwambiri sadali mfumu kapena amithenga ake, koma kamtsikana kaja Pognere, kamene kadakhala pafupi ndi mnyamata wosalankhula masiku onse a kukhala chete kwake, ndipo tsiku limene adayamba kusimba kadamvera mpaka pamapeto osamdula mau.